Thonje, njinga ndi machila: mmene Amang'anja ankapotera ulusi ndi kuomba nsalu

Lero munthu akati njinga, m'maganizo mumabwera kabaza, kapena matumba a makala pakaliyala. Koma mawuwa ndi akale kuposa chitsulo chopalasacho. M'Chimang'anja njinga kanali kamtengo kopotera thonje, kokhala ndi kagudumu kumapeto, kozungulira ngati nguli. Chinthu chamagudumu chitafika m'dziko muno, anthu anachipatsa dzina la chozungulira chimene ankachidziwa kale. Dzina linatsala, ntchito inatha, moti ana ambiri a ku Chikwawa ndi ku Nsanje akukulira m'minda ya thonje osadziwa kuti makolo awo ankavala nsalu yoomba okha, ina n'kumakagulitsa mpaka ku Sena ndi ku Tete.

Nsaluyo inkatchedwa machila. Inali yoyera, yokhuthala, yokhakhala pang'ono ikakhala yatsopano, koma yosang'ambika wamba. Apwitikizi amene ankachita malonda mumtsinje wa Zambezi anailemba m'makalata awo a m'zaka za m'ma 1600, ndipo iwo eni ankaigula kwa anthu a m'chigwa n'kukaisinthitsa ndi golide kumapiri a dziko limene lero ndi Zimbabwe. Nsalu za ku Gujarat, ku India, zinkafika kale nthawi imeneyo, zamawangamawanga, komabe machila sanasowe msika chifukwa munthu wogwira ntchito ankafuna cholimba. Dzina lomweli ndi limene tikulidziwa pa machila onyamulira munthu, nsalu yomangirira kumtengo, imene azungu ankakweramo pa maulendo ndipo lero timanyamulira odwala. Lusoli ndi lakale kuposa kubwera kwa Apwitikizi. Ku Ingombe Ilede, kufupi ndi pamene mtsinje wa Lusitu umathira mu Zambezi m'dziko la Zambia, ofukula zakale anapeza timagudumu ta njinga, komanso tizidutswa ta nsalu m'manda a anthu olemera, ndipo timagudumu tofanana nato tinapezekanso ku Great Zimbabwe ndi ku Mapungubwe, ku South Africa.

David Livingstone atakwera mtsinje wa Shire mu 1859 anapeza thonje pafupifupi m'mudzi uliwonse. Analemba kuti banja lililonse lodziwika linali ndi kamunda ka thonje, kotala kapena theka la ekala, ndipo anatchula mitundu iwiri ndi mayina ake achikuda. Thonje manga linali lochokera kunja, laulusi wautali, lokhala m'munda zaka zitatu lisanafune kubzalanso. Thonje kaja linali lakonkuno, laulusi waufupi, logwirika ngati ubweya wa nkhosa, lomatirira kwambiri kunjere. Ambiri ankakonda kaja ngakhale linali lovuta kutongola, chifukwa nsalu yake inkalimba. Chinanso chimene anaona, chimene chimadabwitsa anthu lero, n'chakuti opota ndi oomba anali amuna. Bambo ankakhala pabwalo, njinga ili m'manja, nkhani za mudzi zili mkati. Amayi anali ndi luso lawo lopanga mchere ndi kuumba mbiya, ndipo zonsezi zinkakumana pa malonda: nsalu, mchere, makasu, nsomba zouma.

Kuti munthu amvetse chifukwa chimene machila anali chuma, komanso chifukwa chimene anazimiririka mofulumira chonchi, ayenera kutsatira thonje kuyambira m'munda mpaka pathupi, n'kumawerenga maola.

Kutongola ndi kukonza thonje

Thonje lopota limatoledwa mame atauma, ndipo amasankha lokhalokha losweka bwino, loyera mbee. Lachikasu, lodetsedwa ndi tizilombo tofiira tija, ulusi wake umakhala wofooka. Likafika pakhomo liyanikidwe pamphasa tsiku limodzi kapena awiri. Poyesa ngati lauma, lumani njere imodzi: youma imasweka kuti thwa, yachinyezi imaphwanyika ngati mtedza wauwisi.

Mu thonje lotola kumene, magawo awiri mwa atatu a kulemera kwake ndi njere. Makilogalamu atatu amatulutsa pafupifupi kilogalamu imodzi ya thonje lopota. Njere zimachotsedwa ndi zala, kapena ndi kachitsulo kozungulira, konenepa ngati chala, katali ngati dzanja ndi theka. Mumayala tizigawo titatu kapena tinayi pathabwa losalala kapena pamwala wafulati, n'kugudubuza kachitsuloko ndi zikhatho zonse ziwiri mokanikiza, kuchokera kwa inu kupita kutsogolo. Thonje limapanikizika pansi pa chitsulo, njere zimathawira kutsogolo. Chitsulo chikanenepa kwambiri chimakwera pamwamba pa njere n'kuziphwanya, mafuta ake n'kudetsa thonje, ndipo banga limenelo silichoka ngakhale mutachapa. Chimodzimodzi thonje likakhala lachinyezi.

Lotongola limakhala lothinana, ndiye liyenera kumasulidwa. Ena amangoling'amba pang'onopang'ono ndi zala, akuchotsa zinyalala za masamba. Ena amagwiritsa kauta kakang'ono: amaika nsinga yake mu mulu wa thonje n'kumaikoka kuti izinjenjemera, thonje n'kumafufuma ngati thovu. Pamenepa m'pamene ophunzira amathamangira, ndipo amadzalipira mtsogolo, chifukwa kachibuma kalikonse kotsala kadzasanduka chotupa paulusi. Likafufuma mumalikoka kukhala nkhata yaitali yofewa, yonenepa ngati chala chachikulu, yosapota, n'kuikulunga padzanja lamanzere kapena pakamtengo.

Njinga

Njinga ili ndi zigawo ziwiri. Pali kamtengo kowongoka, kansungwi kapena ka mtengo wolimba, kotalika masentimita 25 mpaka 30, kosongoka kunsonga. Ndiye pali kagudumu, kamene kamasemedwa kuchokera ku phale la mphika wosweka, chidutswa cha chikho, kapena mtengo, kotambalala masentimita atatu kapena anayi. Bowo liyenera kukhala pakati penipeni. Likapendekeka ngakhale pang'ono njinga imagwedera, imaima msanga, ndipo kugwederako kumadula ulusi.

Kulemera kwake ndi nkhani yaikulu. Kaulusi kamodzi ka thonje n'kakafupi, masentimita awiri kapena atatu basi, pamene ubweya wa nkhosa umatalika kawiri kapena katatu kuposa pamenepo. Njinga yolemera ikalendewera pa thonje losapoteka bwino, timaulusi timangosololoka n'kulekana. Choncho ya thonje ikhale yopepuka, magalamu 10 mpaka 20, ndipo wophunzira aikhazike nsonga yake m'kachikho kapena m'chigoba cha nkhono kuti kulemera kwake kukhale pansi, osati paulusi.

Kupota kwenikweni kuli chonchi. Mumamangirira kachingwe kakale pakamtengo, n'kulumikiza nsonga yake ndi nkhata ya thonje. Dzanja lamanja limapotokola kamtengo ndi chala chachikulu ndi chamkombaphala, kapena kukagudubuza pantchafu. Dzanja lamanzere limabwerera m'mbuyo pang'onopang'ono, likulola thonje kusololoka. Pakati pa zala ndi ulusi wopoteka kale pamaoneka kachinthu kooneka ngati mchira wa mbewa, kotambalala kumanja kwanu, kosongoka kumene ulusi ukubadwira. Maso onse akhale pamenepo. Kupota kukalowa kwambiri m'kati mwa nkhata, thonje limauma gwa, silisololokanso, ndipo muyenera kulipotolola pang'ono. Dzanja likathamanga kuposa kupota, ulusi umapyapyala n'kuduka. Mukafika pamene mkono wathera, mumapotanso kangapo osakoka kuti ulimbe, kenako n'kuukulunga pakamtengo pamwamba pa kagudumu.

Pali chinthu chimodzi chimene thonje limachita chokha chimene chimathandiza mpoti: kupota kumathamangira pamene pali popyapyala, n'kusiya ponenepa pali pofewa. Ndiye mukakoka mofatsa, ponenepa paja m'pamene pamasololoka, mpaka ulusi wonse ufanane. Anthu odziwa amadalira zimenezi, ndipo n'chifukwa chake manja awo amaoneka ngati sakuchita khama.

Amang'anja ankapota kawiri. Ulendo woyamba ankatulutsa chingwe chofewa, chonenepa ngati chingwe cha nyali, n'kuchikulunga kukhala mpira waukulu. Ulendo wachiwiri ankachibwezeranso panjinga, akuchikoka ndi kuchipota molimba mpaka chikhale ulusi weniweni. Njira imeneyi ndi yochedwa, koma kwa thonje lalifupi ngati kaja ndi yanzeru, popeza ulendo woyamba umagwirizanitsa timaulusi kuti tisamwazike, wachiwiri ndiwo umapereka mphamvu.

Poyesa ngati mwapota mokwanira, tengani ulusi wotalika ngati mkono, muupinde pakati, muusiye. Wabwino umadzipota wokha kukhala kachingwe kosalala. Ukangolendewera, kupota kwachepa, ndipo udzaduka pachoombera. Ukapanga timfundo topiringizika ngati michira ya nkhumba, kwachuluka, ndipo nsalu yake idzakhala yokwinyika ndi yolasa pakhungu. Njinga izizungulira mbali imodzi yokha kuyambira poyamba mpaka pomaliza. Mukasintha mbali pakati, mukupotolola zimene mwapota kale. Mbali inayo imagwira ntchito pokhapokha pophatikiza maulusi awiri kukhala umodzi.

Ulusi wa m'litali mwa nsalu ndi umene umazunzika kwambiri, chifukwa umakokedwa ndi kukhulidwa nthawi yonse yoomba. Umenewu upotedwe molimba, ndipo ngati mukukayika, uphatikizeni uwiri. Wopingasa ukhoza kukhala wofewerapo, nsalu imafunda bwino. Wa m'litali umathandizikanso mukauviika m'phala lamadzimadzi la ufa woyera kapena wa chinangwa, supuni ziwiri zazikulu pa lita imodzi ya madzi, lowiritsa mpaka lichite ngati madzi a mpunga. Mumaufinya, n'kuuyanika uli wokoka. Phalalo limagoneka tiubweya timene timachititsa kuti maulusi oyandikana azikolana. Likakhala lolimba kwambiri ulusi umauma ngati udzu n'kumathyoka.

Choombera chapansi

Choombera cha m'chigwa cha Shire ndi Zambezi sichinali chimango chokhala m'nyumba. Chinali zikhomo zinayi zokhomera pansi pamthunzi, ziwiri uku, ziwiri uko, ndi mitengo iwiri yopingasa yomangirira kuzikhomozo. Ulusi wa m'litali umayalidwa kuchokera ku mtengo wina kupita ku unzake, kupita ndi kubwera, koma osati mongozunguliza: paulendo uliwonse umadutsana pakati, wina pamwamba, wotsatira pansi. Kudutsanako ndiko kumasunga dongosolo la maulusi, ndipo musanachite china chilichonse mulowetsemo kachingwe n'kumanga. Kukatayika, maulusi mazanamazana amasokonekera, ndipo kuwabwezera ndi ntchito ya tsiku lathunthu.

Kenako maulusi amagawidwa pawiri. Woyamba, wachitatu, wachisanu, mpaka kumapeto, aliyense amakoledwa ndi kagoba ka chingwe n'kumangiriridwa ku ndodo imodzi yopingasa pamwamba. Ndodoyo imakhala pa timaphanda tiwiri, kapena pamiyala, kuti maulusi ake akhale okwezeka nthawi zonse. Tigoba tonse tikhale tofanana kutalika. Kamodzi kakatalika, ulusi wake sukwera, ndipo nsalu imatuluka ndi mzere wodumpha kuyambira pamenepo mpaka kumapeto. Maulusi otsalawo, wachiwiri, wachinayi, wachisanu ndi chimodzi, amadutsa pamwamba pa ndodo ina yonenepa imene imagona kuseri kwa yoyamba ija.

Ndodo ziwirizi ndizo zimatsegula mipata iwiri. Yonenepa ikakankhidwira kutali, maulusi okoledwa ali pamwamba, ndipo mpata woyamba watseguka. Ikakokeredwa pafupi, muombi n'kukanikiza ndi chikhatho, maulusi enawo amakwera kupitirira anzawo, mpata wachiwiri n'kutseguka. Mu mpata uliwonse mumalowa thabwa lalitali lopyapyala, losalala, la mtengo wolemera. Mumaliimika cham'mbali kuti mpata ukule, n'kuponyamo kamtengo kokulungapo ulusi wopingasa, kenako n'kuligoneka ndi kumenya nalo ulusiwo kuti uthinane ndi unzake. Nsalu ikamakula, muombi amasuntha timaphanda tija kupita kutsogolo, iye n'kumakhala pa gawo loomba kale. Nsalu yotambalala kuposa mkono imafuna anthu awiri, wina uku wina uko, kupatsirana kamtengo ndi kumenyera limodzi.

Cholakwika chimene chimapezeka pa nsalu yoyamba ya aliyense ndi chiuno: imayamba yotambalala bwino, pakati n'kuwonda. Chimachitika chifukwa ulusi wopingasa suyenda mowongoka m'nsalu, umakwera ndi kutsika pa ulusi uliwonse wa m'litali, choncho umafunika utali woposa kutambalala kwa nsalu ndi gawo limodzi mwa magawo khumi. Mukaukoka kuti uwongoke musanamenye, utali wosowawo umautenga pokoka m'mphepete. Mankhwala ake ndi kuugoneka mopendekeka kapena mokhota ngati uta musanamenye, komanso kulasa kandodo kosongoka mbali zonse kuchokera m'mphepete mpaka m'mphepete kuti nsalu isafinyike. Maulusi a m'litali nawo amafupika pamene ntchito ikupita, amayamba kulira ngati nsambo za bangwe, ndipo mukapanda kumasulako zingwe za kuzikhomo amayamba kuduka, makamaka a m'mbali. Wina ukaduka, musamange mfundo pomwepo, chifukwa idzakola pa kagoba. Lumikizani ulusi watsopano kutali kumbuyo, muudutsitse m'kagoba kake, nsonga yake muipanire pansalu ndi kaminga, mudzaisokerere pomaliza. Nyengo nayo imalowererapo: thonje limalimba likakhala ndi kachinyezi, ndiye m'mawa ndi madzulo maulusi saduka kawirikawiri ngati masana a mu Okutobala, pamene muombi amayenera kumawaza timadzi.

Tsopano tiwerenge. Titenge nsalu ya mita imodzi m'lifupi, mamita awiri m'litali, yokhala ndi maulusi 8 pa sentimita mbali zonse, yomwe ndi nsalu yokhuthala ndithu. M'litali mukufunika maulusi 800, uliwonse mamita 2.4 powerengera zotsala kumitengo: mamita 1,920. Wopingasa udutsa maulendo 1,600, uliwonse mita 1.1: mamita 1,760. Pamodzi ndi pafupifupi mamita 3,700, ndipo kulemera kwake ndi theka la kilogalamu basi. Thonje lake, njere ndi zotayika zomwe, silipitirira makilogalamu awiri, lomwe munthu amatola dzuwa lisanatenthe. Koma tiyerekeze kuti mpoti akumaliza mamita 60 pa ola, maulendo awiri aja titawaphatikiza. Ndiye kuti akhala panjinga maola oposa 60. Ngati amapeza maola atatu patsiku akaweruka kumunda, ndi masabata atatu. Kuomba, titati ulendo umodzi pa mphindi, ndi maola 27. Onjezerani kutongola, kufufumitsa, kuyala maulusi ndi kumanga tigoba 400, mupeza kuti nsalu imodzi yofunda munthu mmodzi yadya maola oposa 100.

M'mawerengedwe amenewa muli mbiri yonse ya machila. Mtengo wa nsalu sunali thonje, unali nthawi ya munthu, ndipo yambiri inkathera panjinga. N'chifukwa chake njinga inkayenda ndi mwini wake kulikonse, pabwalo, pamilandu, polondera mbalame kumunda. N'chifukwa chakenso nsalu inkagwira ntchito ya ndalama: siwola msanga, imapindika, imayezeka ndi mikono, ndipo aliyense ankadziwa thukuta lili m'menemo. Inkaperekedwa kwa mafumu ngati mtulo, ndipo eni minda ikuluikulu ya Apwitikizi m'mbali mwa Zambezi ankailandira ngati msonkho. Sikuti aliyense ankavala thonje. Kumapiri anthu ambiri ankavala nyanda, khungwa la mombo losula ndi chibonga mpaka lifewe, kapena zikopa, chifukwa nyanda imatheka m'masiku ochepa. Kulemekezeka kwa nsalu kukuonekabe pa miyambo. Ku kachisi wa Mbona ku Khulubvi, m'boma la Nsanje, nsalu yakuda ili m'gulu la zopereka zolemekezeka, ndipo pamaliro m'midzi yathu nsalu ndi imene achibale amabwera nayo.

Vuto la kuchedwa kwa njinga silinali la kuno kokha. Ku England nakonso muombi mmodzi ankadyetsedwa ndi opota angapo, ambiri a iwo akazi ndi ana opotera m'nyumba zawo, ndipo John Kay atapanga kachipangizo kofulumizitsa kuomba mu 1733 njala ya ulusi inakula. M'zaka za m'ma 1760 James Hargreaves anapanga spinning jenny, yopota maulusi asanu ndi atatu nthawi imodzi. Richard Arkwright anatsegula fakitale yopota yoyendera madzi ku Cromford mu 1771, ndipo Samuel Crompton anamaliza makina ake opota mu 1779. Pasanathe zaka makumi angapo, amayi a m'midzi ya ku England anataya ntchito imene inkawapatsa ndalama yawoyawo. Mphepo yomweyo ndi imene inadzafika ku Shire patapita zaka pafupifupi 100, itanyamula nsalu yoyera ya m'mafakitale. Ina inkachokera ku Massachusetts, ku America, kudzera ku Zanzibar, n'chifukwa chake anthu anaitcha merikani.

Livingstone mwiniyo sanayang'ane thonje la Amang'anja ndi maso a muombi. Ankaona chakudya cha mafakitale a ku Lancashire, ku England, chimene ankakhulupirira kuti chikhoza kulowa m'malo mwa thonje lolimidwa ndi akapolo ku America, n'kuthetsanso malonda a anthu kuno. Koma zaka zotsatira zinali zoopsa m'chigwa. Nkhondo za ogwira akapolo ndi chilala cha 1862 ndi 1863 zinapha ndi kubalalitsa anthu ambirimbiri, ndipo munthu wothawa sakhoma zikhomo pansi kuti akhale mwezi akuomba. Bata litabwerera pansi pa mafumu a Chikololo, amene anabwera ndi Livingstone, malonda anali atasintha. Kampani ya African Lakes, imene anthu anaitcha Mandala, inayamba mu 1878, ndipo iyo, amishoni ndi eni minda ankalipira antchito ndi nsalu yoyezera pa mayadi. Amwenye anatsegula masitolo ku Chiromo, ku Port Herald kumene lero ndi Nsanje, ku Blantyre ndi ku Limbe. Mnyamata wonyamula katundu masabata angapo ankabwera ndi nsalu yoposa imene bambo ake akanaomba m'nyengo yonse yachilimwe. Inali yopyapyala, yosachedwa kutha poyerekeza ndi machila, koma maola 100 aja sakanapikisana nayo.

Msonkho wa nyumba utayamba m'zaka za m'ma 1890, anthu anafunika ndalama yachitsulo. Bungwe la British Cotton Growing Association, lokhazikitsidwa ku Manchester mu 1902, linalimbikitsa ulimi wa thonje m'maiko olamulidwa ndi Britain, Nyasaland yomwe, ndipo chigwa cha Shire chinasanduka munda waukulu wa thonje la mbewu zatsopano. Apa pali chinthu chowawa chimene tiyenera kuchitchula mosabisa: thonje linachuluka kuposa kale lonse pa nthawi yomweyo imene kupota kunkafa. Mlimi ankaligulitsa lili ndi njere zake, pa mtengo woikidwa ndi wogula, n'kukagula nsalu kusitolo. Ntchito zonse zimene zinkapatsa thonje mtengo, kutongola, kupota, kuomba, zinachoka m'manja mwake. Ku India, Mahatma Gandhi anaona zofananazo, n'kusandutsa kupota ndi manja kukhala chida cha ndale m'zaka za m'ma 1920, moti gudumu lopotera linajambulidwa pa mbendera ya chipani cha kumeneko cha Indian National Congress. Kuno fakitale ya David Whitehead and Sons inadzatsegulidwa ku Blantyre m'zaka za m'ma 1960, ndipo kwa zaka zambiri Amalawi anavala zitenje za thonje lawo lomwe, mpaka kaunjika ndi nsalu zotchipa zakunja zitadzaza misika m'zaka za m'ma 1990.

Ulusi sunachoke m'manja mwa anthu, unangosintha manja. Amishoni anabwera ndi maganizo a kwawo akuti singano ndi ulusi ndi za akazi, ndipo atsikana anaphunzira kusoka ndi kuluka m'sukulu. M'magulu a amayi a m'mipingo, monga Mvano, Chigwirizano ndi Umanyano, komanso m'makalasi a zapakhomo, luso loluka linafalikira: tizipewa ndi timasokosi ta makanda, majuzi a ana a sukulu a m'nyengo ya Juni, nsalu zokongoletsa pamipando ndi patebulo. Amuna anatsala ndi makina osokera pakhonde la sitolo. Amayi ambiri alipirira ana fizi ndi singano ziwiri kapena koloshi, ndipo imeneyi ndi mbiri yofunika kuilemekeza payokha.

Koma kuluka sikukanapulumutsa njinga, ndipo chifukwa chake chili mu ulusi momwemo. Poomba, maulusi awiri amapingasana ali okoka, ndiye amafunika opota molimba. Poluka, ulusi umodzi umapanga tigoba tolowana, ndipo umafunika wofewa, wofufuma, wotamuka. Mukaluka ndi ulusi umodzi wa panjinga wopota molimba, chovalacho chimapotokera mbali imodzi, msoko wa m'mbali n'kubwera pamimba, chifukwa kupota kotsala muulusi kumakankha kagoba kalikonse. Thonje silibwereranso likatamuka, choncho mkombero wa chipewa kapena wa mkono wa juzi umakhala pululu mukangochapa kawiri. Oluka anasankha ulusi wa m'sitolo, umene ambiri amangouti wulu ngakhale wochuluka ndi wopangidwa kufakitale kuchokera ku mafuta, ndipo ena amamasula majuzi a pakaunjika kuti apeze wotchipa.

Wofuna kuluka ndi thonje lopota yekha akhoza, malinga aphatikize maulusi awiri kapena atatu powapotera mbali yosiyana ndi imene anapotera poyamba, mpaka chingwecho chizilendewera osadzipota. Kenako achiwiritse m'madzi a sopo kwa theka la ola. Kuwiritsa kumachotsa phula lachilengedwe limene limakaniza thonje kumwa madzi ndi utoto, ndipo kumakhazika kupota pamalo pake. Singano zikhale zocheperako kuposa zimene mukanagwiritsa pa wulu wonenepa chimodzimodzi, kuti tigoba tithinane.

Thonje la m'minda ya lero ndi losavuta kupota kuposa kaja, chifukwa ulusi wake ndi wautali, pafupifupi masentimita atatu, ndipo limasiyana ndi njere mosavuta. Popeza limapoperedwa mankhwala, tolani losweka patapita nthawi kuchokera pamene munapopera komaliza, ndipo musalume njere zogula zobzala, zija zopaka utoto, poyesa kuuma. Wophunzira asayambe ndi nsalu ya mamita awiri. Lamba wa masentimita 10 m'lifupi ndi mita imodzi m'litali amafuna maulusi 80 a m'litali ndi tigoba 40, ulusi wonse pamodzi mamita 200, ndipo zolakwika zonse zimene tatchulazi zidzaonekera pamenepo. Mukamaliza, dulani maulusi kumitengo mutasiya masentimita 10, muwamange anayianayi kuti wopingasa asasololoke, n'kuchapa m'madzi otentha kuti phala lichoke. Nsaluyo idzafupika ndi pafupifupi gawo limodzi mwa magawo khumi, mipata ya pakati pa maulusi idzatsekeka, ndipo mukaiyala pamwala wosalala n'kuimenya ndi chibonga idakali yonyowa, idzafewa.